Chikwangwani Chichoke Kaye

Olemekezeka mkulu wa chipatala chino, olemekezeka wapampando wa komiti yomanga, madokotala, anamwino ndi azamba, amisiri amene mwaimika nyumbayi, komanso inu amayi oyembekezera amene mwakhala kumbuyoko, ndakulonjerani nonse, ndipo ndathokoza pondiitana.

Wotsogolera mwambo wanditchula katswiri wofufuza za chikhalidwe cha anthu. Kunena mosabisa, kwa zaka makumi atatu ntchito yanga yakhala yokhala pakona ya chipinda chochiliramo, kope m'manja, n'kumaona mmene amayi a mitundu yosiyanasiyana amachilira. Ndaona ena akuchira chogwada, ena chonjuta, ena atagwira chingwe cha kudenga. Zilankhulo zawo zambiri sindinkazimva, koma kulikonse dzanja la mayi linkafufuza dzanja la munthu amene akumudziwa.

Chimene chinandiyambitsa ntchitoyi si sukulu ayi, ndi mng'ono wanga. Tsiku lake litakwana ndinamuperekeza kuchipatala, ndipo pachitseko namwino anandilozera chikwangwani: "Achibale asalowe."

"Achemwali, musandisiye," anatero mng'ono wangayo.

"Ndili pakhomo pomwepa, usaope," ndinamuyankha.

Ndinamvera lamulo ngati mwana wasukulu. Mkatimo namwino anali mmodzi, amayi asanu. Mng'ono wanga atachira anayamba kutaya magazi mwakachetechete, namwino ali pabedi lina, ndipo panalibe woti akuwe. Ine ndinali pabenchi panja, ndikupinda matewera. Mwana wakeyo ndinalera ndine, ndi uyo wandibweretsa pagalimoto lero. Namwino uja sindimuimba mlandu, anali ndi manja awiri basi. Mlandu ndimadziimba ndekha, ndi chikwangwani chija.

M'mawa uno mwandiyendetsa m'nyumba yatsopanoyi. Mabedi ndawaona, makatani otchinga bedi lililonse ndawaona, mipopi ikutuluka madzi. Mwagwira ntchito yotamandika. Koma pachitseko cha mkati pali chikwangwani, penti wake akununkhabe, mawu ake omwe aja. Ndafunsa chifukwa, akuti achibale amabweretsa litsiro ndi phokoso. Litsiro limachoka ndi sopo. Phokosolo ndi lomwe likanapulumutsa mng'ono wanga.

Choncho, bambo mkulu wa chipatala, sizasi mwandipatsayi ndayiika patebulo. Munene kuti mlendo wa lero ndi wamwano, andinenapo m'mayiko ambiri, ndinazolowera. Riboni sindidula chikwangwani chili pamenepo. Ndidikira. Kudikira pakhomo ndimakudziwa bwino.

Ndaona mwanong'onezana ndi a wapampando. Ehe, ndi uyo mmisiri wanyamuka ndi hamala yake. Musafulumire kuwomba m'manja, amayi, misomali ilipo inayi.

Bweretsani kuno, bambo. Ichi ndipita nacho kwathu, pasapezeke wochikhomanso ine nditatembenuka. Pamalo pake muike mpando pambali pa bedi lililonse.

Tsopano ndipatseni sizasi ija. Ndi mphamvu imene mwandipatsa, ndikulengeza kuti nyumba yochiliramo amayi iyi yatsegulidwa, ndipo mayi aliyense alowe ndi munthu wake.

Zikomo kwambiri.