Chipewa cha Idwal

Idwal Probert, chimunthu cha makutu ofota ngati bowa chifukwa cha zaka zokankhana mitu m'bwalo la ragibi, anasewerera timu ya Wales kamodzi kokha, ndipo anamupatsa chipewa chaulemu monga mwa mwambo. Patapita zaka zambiri, kalabu ya kwawo inkafuna kuchiika m'kabati yagalasi, iye n'kuona kuti mpata wapezeka wotseka pakamwa Dilwyn, mnzake wa kumowa amene ankafalitsa zoti chipewacho n'chongopeka.

"Menna! Chipewa changa chili kuti?" anakuwa ali chogwada pansi pa bedi.

Mkazi wake anabwera ndi chipewa cha mvula.

"Osati ichi, mayi iwe! Chimene ndinakhetsera thukuta!"

"Ndi chomwechi. Mumalima nacho kudimba."

"Cha dziko! Cha ragibi!"

"Ooo, chija. Koma thukuta silinatuluke, Idwal. Munalowa masewero akutha, mpira osaukhudza."

"Ndinaukhudza ndi maso! Chili kuti?"

"Pamene munanena."

"Ndinanena kuti chiyani?"

"Munati, 'Menna, uchiike poti ndizichiona tsiku lililonse.' Ndiye ndinachiika."

Idwal anadzuka mawondo akulira. Anayang'ana pakhoma, pamwamba pa kabati, mpaka kuseri kwa wotchi. M'maganizo ankamva kale kuseka kwa Dilwyn.

"Sindikuchiona!"

"Mwachiona m'mawa uno."

"Liti?"

"Mumadya mazira. Munachikankhira pambali kuti mufikire mchere."

Anathamangira kukhitchini, ngati kumeneko n'kuthamanga. Patebulo panali buledi, mchere, ndi tipoti atavala kansalu kake kothimbirira ka masiku onse, koteteza tiyi kuti asazizire.

"Palibe chipewa pano! Changa n'chofiira, cha mphonje yagolide!"

"Chinali chofiira. Mphonjeyo anadya mphaka."

Idwal anayang'ana tipoti uja. Anayang'ana mkazi wake. Anayang'ananso tipoti.

"Mayo ine! Menna! Wavala ndani chipewa changa?"

"Tipoti. Mutu wake ndi wanu n'chimodzimodzi."

Anamuvula tipoti uja chipewacho. Chala chake chinatulukira mbali ina.

"Wachiboola ndani?"

"Ine. Nanga tiyi akanatulukira pati? Kwinako ndi kwa chogwirira."

"Ulemu wanga wonse! Anthu amafera chinthu chimenechi!"

"Inu simunafe. Munabwera kabudula ali woyera, sindinachape n'komwe."

"Ndikalowa nacho bwanji ku kalabu? Dilwyn akaseka mpaka mano ake ogula agwe!"

"Mukamuuze zoona. Inu dziko munalitumikira kanthawi kowiritsa dzira. Icho chatumikira nyumba ino kuyambira tili achinyamata, osapumako, osavulala."

Idwal anakhala pampando, chipewa chili pachifuwa. Zinamupweteka ndithu, poti munthu akakalamba amatsala ndi zochepa zonyadira. Menna anamuthirira tiyi. Iye anapsontha kamodzi, nkhope n'kukwinyika.

"Aaa! Tiyi ameneyu wazizira bwanji?"

"Chipewa chili m'manja mwanu."

Anachiyang'ana kwa kanthawi. Kenako anadzuka, namuveka tipoti uja chipewacho mosamala, mlomo pabowo lake, chogwirira pa lake.

"Nanga kabati yagalasi ija?" anafunsa Menna.

"Amuikemo Dilwyn. Wosewera amene akuchita bwino satulutsidwa m'bwalo."