Mmene Ndinakhalira Mlendo wa Mayi Han

Abale ndi alongo mwa Ambuye, mtendere ukhale nanu nonse amene mukuwerenga izi, kaya muli kumudzi, kaya muli kunja kuno kumene mphepo imaluma makutu. Dzina langa ndi Elube, kwathu ndi ku Dedza. Ndikufuna kuchitira umboni za nthawi imene ndinali mkaidi m'nyumba yopanda loko ku Scarborough, m'dziko la Canada. Ndinkasamalira mayi wokalamba amene anakana kudya, ndipo tsogolo langa ndi la mwana wanga linali m'mbale yawoyo.

Ndinabwera ku Canada m'zaka za m'ma 1990 pa chilolezo cha anthu osamalira odwala m'nyumba. Lamulo lake linali lakuti ukhale m'nyumba ya abwana ako ndi kuwagwirira ntchito zaka ziwiri, ukatero upemphe mapepala okhazikika n'kuitanitsa banja lako. Pa chilolezocho pankalembedwa dzina la bwana mmodzi yekha. Ntchito ikathera panjira, umayamba kusaka bwana wina ndi chilolezo china, nthawi ikupita, ndipo ena ankabwerera kwawo chimanjamanja. Ine ndinali nditasiya mwana wanga Tadala kwa mkulu wanga, ali sitandade 3, nditamulonjeza kuti ndidzamutenga. Ulendowu ndinaupempherera mpaka mawondo kuda, koma paja walira mvula walira matope.

Abwana anga anali bambo Wei, ochokera ku China, amene ankagwira ntchito ya katundu ku bwalo la ndege ku Mississauga. Ankanyamuka kusanache, n'kubwera anthu atadya kale. Analibe mkazi. Ondilemba ntchito anali iwo, koma amene ndinkawasamalira anali mayi awo, mayi Han, amene anadwala sitiroko atangofika ku Canada. Matendawo anawasiyira mwendo wokoka ndi mutu wosokonezeka. Kwawo, mu mzinda wakale wa Xi'an, anakalambira pa ntchito yoyendetsa alendo akunja. Sankatenga gulu lodzaza basi ayi, ankatenga anthu awiri kapena atatu basi, n'kumawaonetsa malo ndi kuwalawitsa zakudya za m'timisewu. Chingerezi chawo chinali chosalala kuposa changa, ndipo zimenezi zinkandipweteka pang'ono.

Tinkakhala pamwamba pa nyumba yosanja, yoti ukayang'ana pansi magalimoto amaoneka ngati nsikidzi. Mawindo ankatseguka kadanga koti dzanja lokha lidutse. Mayi Han sakanatsala okha ngakhale kanthawi kochepa, chifukwa ankayatsa mbaula n'kuiwala. Tsiku langa lopuma linali Lamlungu, koma nthawi zambiri bambo Wei ankaitanidwa kuntchito, ine n'kuvula nsapato za kutchalitchi ndisanafike n'komwe pa chikepe. Nyengo yozizira itafika, ndinatha milungu osaponda dothi. Ndinkaima pawindo kuonerera mabasi akupita, mtima ukuwawa, ndipo ndinkasirira ngakhale munthu wokolopa chipale pamsewu.

M'mawa uliwonse mayi Han ankatuluka kuchipinda atapesa bwino, kachikwama kali paphewa. Ankandipatsa moni waulemu n'kunena kuti, "Lero tiyambira pa linga la mzinda, kenako nsanja ya belu. Masana tikadya ku msewu wa Asilamu. Valani nsapato zoyendera." Ine ndinagwirapo ntchito pa chipatala cha mishoni, ndipo anatiphunzitsa kuti wodwala wosokonezeka uzimukumbutsa kumene ali. Ndiye ndinkawalanda kachikwama kaja n'kuwauza kuti kuno ndi ku Canada, akhale pansi. Ankandiyang'ana ngati ndawatukwana.

Nkhondo yeniyeni inali pa chakudya. Ndinkawakonzera patebulo, kuwasambitsa m'manja, kunjuta, n'kupita kukhitchini, monga anatilerera kwathu. Wantchito sadyera pamodzi ndi abwana, ndipo munthu wamkulu sumuyang'ana m'kamwa akamadya. Pakapita kanthawi ndinkamva akundiitana. Ndikapita ndinkapeza atakankhira mbale ija ku mpando wopanda munthu, akundilozera ndi dzanja. Ine ndinkati zikomo amayi, ndakhuta, n'kuibwezera kwa iwo. Iwo ankaikankhanso. Tinkakankhirana choncho mpaka chakudya kuzizira, ndipo chimene chinkalowa m'mimba mwawo chinali tiyi basi, amene ankamwa akandiona ine ndikumwa wanga pakhomo la khitchini.

Chonditsautsa kwambiri chinali chakuti mwana wawo akakhalapo ankadya. Bambo Wei poyamba anaganiza kuti vuto ndi kaphikidwe kanga, ndiye anayamba kuphika okha Loweruka n'kusiya mufiriji. Ankaphika chakudya chimene mayi awo ankachikonda, msuzi wa nyama ya nkhosa ndi buledi wozungulira, wophwatalala, wolimba ngati chidendene. Ine poopa kuti angatsamwidwe ndinkadula bulediyo ndi mpeni, kumunyika mumsuzi, n'kuphwanya ndi supuni mpaka kukhala phala. Mayi Han ankangoyang'ana kamodzi n'kutembenukira kukhoma. Zovala zinayamba kulendewera, mphete inagwa yokha pa chala, ndipo bambo Wei anayamba kundiyang'ana ndi diso lina. Tsiku lina anandifunsa mosapsatira kuti ngati ndi iwo amadya, nanga ndi ine chimavuta n'chiyani. Ndinachita manyazi ngati wakuba.

Kenako tinapita kwa dokotala. Atawakweza pa sikelo anapukusa mutu, n'kunena kuti nyengo yozizira ikatha zisanasinthe, mayiwo apite kunyumba yosungirako okalamba azikawadyetsa ndi paipi. Bambo Wei anandiuza m'galimoto, mwaulemu ndithu, kuti zikatero ntchito yanga yatha. Apo n'kuti nditadutsa theka la zaka ziwiri zija. Kuchoka sindikanatha, chifukwa ndani akanalemba munthu amene wodwala wake anauma m'manja mwake? Kukhala nakonso kunali kungodikira tsiku londithamangitsa. Mkulu wanga atandiimbira kuchokera pa foni ya ku mishoni, anampatsa Tadala, ndipo mwanayo anandifunsa ngati ayambe kutsanzika anzake kusukulu. Ndinamuuza kuti adikire pang'ono, ndipo foni itaduka ndinalira mpaka mutu kuwawa.

Ndinaimbira mayi Tembo, namwino wa ku Chipata amene ankatsogolera mapemphero athu a Amalawi ndi a ku Zambia. Anandimvetsera mpaka kumapeto, kenako anati, "Imwe sisi, osa-give up. Ise tizapemphera kuno. Manje naimwe salani kudya, Mulungu azayankha." Ndinagwira mawu amenewo ndi manja awiri. Ndinayamba kusala kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kulowa, ndipo nditaona kuti palibe chikusintha ndinasiya ndi chamadzulo chomwe, n'kutsala pa madzi okha. Ine ndikagwira chinthu sindisiya, anthu akwathu amandidziwa. Koma abale anga, mmene ine ndinkalimbikira kusala, ndi mmenenso mayi Han ankalimbikira kukana. Nditasiya tiyi, nawonso anasiya tiyi. Tinangotsala anthu awiri anjala m'nyumba yodzaza chakudya, wina akuyang'ana kukhoma, wina akudzudzula ziwanda kukhitchini. Ndinafika pomuuza Mulungu kuti ngati anandibweretsa kuno kudzandichititsa manyazi, kunali bwino akanandisiya ndikulima mbatata kwathu.

Yankho linabwera masana ena, kunja kukugwa chipale. Ndinatenthetsa msuzi uja, n'kutenga buledi ndi mpeni kupita nazo patebulo. Ndisanayambe kudula, chizungulire chinandigwira, maso anachita mdima, ndipo ndinangodziponya pa mpando wapafupi. Unali mpando uja wopanda munthu, umene ndinali ndisanakhalepo chibwerereni m'nyumbamo. Nditatsegula maso ndinapeza mayi Han ataimirira pambali panga, dzanja lili pamphumi panga, nkhope itawala ngati munthu amene wafika kuntchito.

"Alendo nonse ndinu chimodzimodzi," anatero. "Mumafuna kuona zonse osadya. Palibe mlendo anakomokapo pa ulendo wanga, ndipo inu simukhala woyamba."

Anakoka mwendo wawo uja mpaka kukhitchini n'kubwera ndi mbale yachiwiri. Mpeni anauchotsa patebulo ngati chinthu chonyansa. Ananyema bulediyo pakati, theka kwa ine, theka kwa iwo, n'kundionetsa mmene amachitira kwawo. Umatsina ndi zala pang'onopang'ono, tizidutswa tating'ono ngati njere za nandolo, n'kumaponya m'mbale mwako. Anandiuza kuti ku msewu wa Asilamu aliyense amanyema yekha buledi wake, akucheza, akatha ndiye ophika amathira msuzi. Zidutswa zanga zinali zikuluzikulu, ndipo anazitola n'kundibwezera, amvekere ophika akaziona aseka. Ntchitoyo inatenga nthawi, iwo akundifotokozera za utsi wa nyama yootcha, za amuna ovala tizipewa toyera, za mphika umene msuzi wake umawira chichokereni dzulo. Kwa nthawi yoyamba sindinawauze kuti kuno ndi ku Canada. Ndinalibe mphamvu zake.

Atathira msuzi anandikankhira mbale n'kukhala pansi, manja atapinda, akundiyang'ana. Mumtima mwanga munali nkhondo, chifukwa ndinali nditalonjeza Mulungu kuti sindidya mpaka atayankha. Koma fungo lija ndi maso awo aja zinandigonjetsa. Ndinati Ambuye mundikhululukire, n'kudya. Anadikira mpaka nditameza, anandifunsa ngati chakoma, ndipo nditavomera anamwetulira. Kenako anatola timitengo tawo todyera n'kuyamba kudya. Anadya mpaka mbale kuyera, ine misozi ikugwera mumsuzi.

Apo m'pamene maso anga anatseguka. Kwa mayi Han, munthu wa nkhope yachilendo wolankhula Chingerezi sakanakhala wantchito, anali mlendo amene wabwera kudzaona mzinda wawo. Pa ntchito yawo woyendetsa alendo sadya mlendo asanadye, ndipo mlendo akakana chakudya ndiye kuti ulendo walephereka. Ine ndinkawalemekeza powasiya okha, iwo ankandilemekeza pondidikira, ndipo ulemu wathuwo unatsala pang'ono kutipha tonse. Ndinkapempha Mulungu kuti atsegule pakamwa pawo, osadziwa kuti pofunika kutsegula panali panga.

Kuyambira tsiku limenelo ndinavomera kukhala mlendo. M'mawa akanena za nsapato zoyendera ndinkavaladi. Tinkatuluka m'khonde lalitali la nyumba yosanja ija, iwo atagwira mkono wanga, ndipo limenelo linali linga la mzinda. Ankandiuza kuti ndi lotakata moti ngolo zimapatukirana pamwamba pake. Pa chikepe panali nsanja ya belu. Tsiku lina anandiimika pa mzere wa mabokosi a makalata pansi, n'kundifotokozera za asilikali oumbidwa ndi dothi amene alimi anawapeza akukumba chitsime, aliyense ndi nkhope yakeyake. Oyandikana nawo ankatiyang'ana modabwa, koma ine manyazi ndinali nditawasiya. Tikabwerera tinkakhala patebulo, ine kuyamba, iwo kutsatira. Sindinganame kuti nyumbayo inakula kapena kuti Lamlungu linabwerera. Ndinali womangikabe, kungoti tsopano ndinali ndi mnzanga woyenda naye.

Chipale chitasungunuka tinabwerera kwa dokotala, ndipo sikelo inatichitira umboni. Nkhani ya nyumba ya okalamba inathera pomwepo. Bambo Wei anandipepesa, ndipo nditawafotokozera zonse anati mayi awo anali otero kuyambira kale, ankabwera kunyumba ndi njala ngati alendo sanadye bwino. Mayi Tembo anaseka mpaka kutsokomola, n'kunena kuti kusala kwangako ndi kumene kunandigwetsera pa mpando woyenera. Ndinamaliza zaka zanga m'nyumba imeneyo ndipo ndinapempha mapepala. Mayi Han anamwalira mwamtendere ndikudikirabe yankho, asanadziwe n'komwe dzina langa.

Tadala anafika patapita nthawi ina, ali mtsikana wotalika kundiposa. Pa bwalo la ndege ananjuta n'kundipatsa moni wa muli bwanji, ngati akupatsa mayi wa kumpingo amene sakumudziwa bwino. Zinandilasa mumtima, chifukwa zaka zimene ndinasowa pa ubwana wake palibe ofesi imene ikanandibwezera. Milungu yoyamba ankandiyankha ndi eya ndi ayi basi, ndipo akafuna kanthu ankayamba ndi pepani. Kenako tsiku lina tikuchokera kutchalitchi pa basi, anayamba kusinza, mutu n'kugwera paphewa panga. Basi itagwedezeka anadzidzimuka pang'ono, osatsegula maso, n'kufunsa kuti, "Amama, tafika?" Ndinamuuza kuti tafika mwanangu, ngakhale kuti kunali kudakali kutali.

Ndikuthokoza Mulungu amene sanandisiye m'nyumba ija, ndipo ananditumizira thandizo kudzera mwa munthu amene ine ndinkamuona ngati mtolo wanga. Ndikuthokozanso abale amene anandipempherera osandiona kwa miyezi. Inu amene mwapanikizika lero, kaya ndi mapepala, kaya ndi matenda, kaya ndi mwana amene munamusiya kutali, musaleke kupemphera. Koma popempherapo musamulembere Mulungu njira yoti adzere, chifukwa Iye ali nazo zambiri zimene ife sitinaziganizepo. Limbani mtima, amene anandikumbukira ine sanakuiwaleni. Ambuye akudalitseni nonse. Ameni.