Chigayo cha a Kapalamula Sichikwera Ngolo

Malemu bambo Stefano Kapalamula anabadwa pa 12 Malichi 1947 m'dera la Kanyenda, konkuno ku Nkhotakota. Anali achiwiri kubadwa m'banja la ana asanu. Ine ndaimirira panone ndine mphwawo, mwana wa mlongo wawo wamkulu. Bambo ansembe, mafumu athu, akuluakulu a mpingo, abale athu a ku mzikiti amene mwabwera kudzakhuza nafe, ndi nonse amene mwasiya ntchito zanu: pepalali ndalemba ndekha. Akuluakulu andichenjeza kuti ndisapse mtima pamaso pa anthu. Ndiyesetsa.

Malemuwa anayamba sukulu mu 1955 pa sukulu ya mishoni, koma analekezera Sitandade 5 mu 1961 chifukwa cha fizi. Kuyambira pamenepo anakhala akukoka nawo khoka m'madoko a kuno, kwinaku akulima mpunga ku dambo la makolo awo. Pa 9 Sepitembala 1972 anamanga ukwati woyera mu mpingo wa Angilikani ndi mayi Nester, amene akhala apawa.

Mu 1979 anapeza ntchito ku kampani ya shuga ku Dwangwa. Anayamba ndi kudula nzimbe, kenaka anawatenga kuti azipatsira masipanala kwa amakaniko. Palibe anawaphunzitsa za injini. Ankangoyang'ana, usana wonse, mpaka tsiku lina anayamba kuuza amakanikowo pamene pavuta.

Mu 1987 anasiya ntchito ija ndi kugula injini yakale ya dizilo pamodzi ndi makina opunthira mpunga. Ambiri a inu mukukumbukira kuti injini imeneyo inakhala miyezi inayi pansi pa mtengo wa mango osalira, anthu n'kumaseka kuti a Kapalamula agula khola la nkhuku. Chimene ena simukuchidziwa, kapena mwasankha kuchiiwala, n'chakuti lamba woyamba wa chigayocho, malata a denga lake ndi mgolo woyamba wa dizilo zinachokera mu usipa wouma umene mayi Nester ankakagulitsa ku Kasungu, atakwera pamwamba pa lole. Ndanena dala zimenezi kuti zilowe m'makutu. Mu 1988 kunabwera bambo Alufandika kudzayendetsa chigayocho, ndipo akhala m'fumbi la mankhusu zaka khumi osasowapo, kupatula pamene anadwala malungo.

Mu Juni 1993 kunachitika zimene zinasintha mtima wa malemuwa. Mnzawo wapamtima, bambo Tedson, amene anali ndi boti la injini, anamwalira. Tisanabwereko n'komwe kumanda, achibale anali atamasula kale injini ija. Mawa lake anatenga maukonde, njinga, wailesi, mpaka chitseko cha nyumba. Mayi Iness, mkazi wa a Tedson, anatsala ndi ana atatu ndi chiguduli chotchinga pakhomo. Injiniyo achibale anakanganirana okhaokha mpaka inachita dzimbiri pansi pa nkhokwe, osalowanso m'madzi. Amalume anabwerako ku maliro amenewo osadya. Anangouza mayi Nester kuti, “Ine ndikadzafa, chitseko chokha ubise.” Anaseka ponena, koma nkhope sinaseke.

Amene anawatsegula maso ndi bambo Swaibu, a sitolo ya nsalu pa Boma, amene amakapikula katundu ku Limbe. Iwo anawauza kuti, “Stefano, iwe umakonza injini koma mutu wako sukonza. Kalembetse chigayochi chikhale kampani. Kampani pamaso pa malamulo ndi munthu payekha. Iwe ukafa, iyo siifa. Ikagwa m'mavuto, sabwera kudzamasula mbuzi zako za kunyumba. Ndipo katundu wake si wako, ndi wake.” Amalume anayankha kuti munthu wosafa sanamuonepo, koma apita akamuone.

Mu Febuluwale 1995 anakwera basi ulendo wa ku Blantyre, ku ofesi yolembetsa makampani. Anapita katatu. Ulendo woyamba anawauza kuti dzina limene anasankha, Tiyanjane, ena analitenga kale. Ulendo wachiwiri anabwera ndi mapepala a malamulo oyendetsera kampani, ndi uthenga wakuti munthu mmodzi sangakhale kampani: pafunika awiri kapena kuposa, aliyense ndi masheya ake, ndiye kuti magawo ake a umwini, ndipo aliyense asaine.

Apa ndi pamene panabuka phokoso limene ena mukumwetulira kale. Kumbukirani kuti tinali titangochoka ku chisankho cha matipate. Munthu akuyenda ndi chikwama, m'chikwamamo muli malamulo olembedwa, akufuna anthu osaina, akunena za chidindo, akupitapita ku Blantyre. Mudzi wonse unagwirizana kuti a Kapalamula akuyambitsa chipani. Amayi ena anafika pa chigayo kudzafunsa kuti, “Nanga nsalu yathu ituluka liti? Ya mtundu wanji?” Achinyamata a pa doko anayamba kuwaitana kuti a Pulezidenti. Wina anawapempha unduna wa za nsomba.

Malemuwa anayamba kupita kwa abale awo. Kwa mng'ono wawo, amalume a Dyton, anapita kawiri, atanyamula masheya makumi awiri aulere. Amalume a Dyton anati, “Achimwene, ine ndale ayi. Ndinaona anthu akusowa chifukwa cha dzina pa pepala. Dzanja langa lisiyeni.” Sindikunena izi kuti ndiwachititse manyazi. Amene munakhala m'zaka zija mukudziwa kuti mantha amenewo sanali opeka. Koma zoona zake n'zakuti anakana. Alongo awo, kuphatikizapo mayi anga ondibereka, anakananso.

Anatsala munthu mmodzi. Mayi Nester anavomera tsiku lomwelo, koma anakana kudinda ndi chala. Anati, “Kudinda ndinadinda povota, zakwana. Pa chigayo changa ndilemba dzina.” Kwa milungu itatu ankaphunzira kulemba dzina lawo ndi khala pa makoma a chigayo, a Alufandika akuwaseka kuti “N” wawo akuoneka ngati munthu wagwa pa njinga. Anasaina. A Swaibu anasainira umboni. Pa 20 Julayi 1995 amalume anatsika basi ali ndi satifiketi ya Takondwa Rice Mill Limited. Pa masheya zana limodzi, makumi asanu ndi limodzi anali awo, makumi anayi a mayi Nester. Injini, makina, nyumba ya chigayo ndi malo ake zonse zinalembedwa m'dzina la kampani. Chipani sichinabwere, nsalu sinatuluke, ndipo anthu anaiwala nkhaniyo.

Malemuwa anayamba kudandaula m'chifuwa mu Disembala 1997. Anagonekedwa ku chipatala cha pa Boma mu Janyuwale, kenaka ku Lilongwe mu Malichi chaka chino. Atabwerako anadziwa okha mmene zinthu zinalili. Pa 25 Epulo anapempha kuti awanyamule pa njinga mpaka ku chigayo, anauza a Alufandika kuti azimitse injini, ndipo anachititsa msonkhano wa kampani atakhala pa thumba la mpunga. Pa masheya awo aja, makumi anayi anawalembera ana awo anayi, khumi aliyense, owayang'anirira masheyawo akhale mayi awo. Khumi anapatsa a Alufandika, amene anakana kawiri n'kulira kachitatu. Khumi otsalawo anawasunga, ndipo analemba kalata ya umboni yakuti akadzapita, amenewo adzakhale a mbumba yawo: alongo awo ndi amalume a Dyton. Mapepala anatumizidwa ku Blantyre, ena anasungitsa ku sitolo ya a Swaibu. Ife achibale sitinadziwe kanthu.

Malemuwa anatisiya Lachiwiri, pa 18 Ogasiti 1998, nthawi ya 10 koloko m'mawa, ku chipatala cha pa Boma, mkazi wawo ali pambali.

Tsopano ndinene za dzulo, popeza mwamva kale manong'onong'o, ndipo nkhani ya manong'onong'o imakula miyendo.

Dzulo m'mawa, ife tikukatenga thupi, pa chitseko cha chigayo panapezeka loko watsopano. Kuseri kunaima ngolo ziwiri, ng'ombe zili m'goli. A Alufandika anathamangitsidwa ngati wakuba pa malo amene atumikira zaka khumi. Ine achibale ananditengera pambali n'kundiuza kuti, “Iwe ndiwe mphwake. Mwa mwambo wathu chuma cha malume ndi chako. Mkaziyu ndi wobwera, tikamusudzula azipita kwawo. Usapuse.” Sindinama pamaso pa bokosi ili: ine ndimakonza njinga pa msika, ndipo kwa kamphindi mtima wanga unakopeka. Kenaka ndinaona mayi Nester atakhala pa mphasa, akulira mwamuna wawo koma maso ali ku msewu wa ku chigayo. Munthu kulephera kulira bwino chifukwa cha mantha! Ndinatenga hamala kuti ndikaphwanye lokoyo, ndipo ndikanakumana ndi munthu panjira sindikudziwa kuti lero mukanaika maliro angati.

Amene anandigwira mkono ndi a Swaibu. Anati, “Mwana iwe, malume ako anakwera basi katatu kuti hamala isadzafunike. Ika pansi.” Anatumiza njinga ku sitolo. Masana tinakhala pansi, achibale a mbali zonse ziwiri, akuluakulu a mpingo ndi nthumwi za mafumu, ndipo mapepala anawerengedwa limodzi ndi limodzi, Chingerezi chake tikumasulira pang'onopang'ono. Zinatenga nthawi. Panali kukuwa, ndipo wokuwa kwambiri ndinali ine. Wina anafunsa kuti ngati chigayo si cha malemu, nanga ndi cha yani? Anamuonetsa dzina pa satifiketi. Anafunsanso kuti Takondwayo ndi mwana wa yani, abwere pano timuone. Anthu anaseka pa maliro, Mulungu atikhululukire, ndipo kuseka kumeneko n'kumene kunatsitsa mitima.

Pamene inawerengedwa kalata ya masheya khumi aja, amalume a Dyton anati, “Ndinawakana kawiri, koma andilembabe.” Anafunsa ngati gawo lawolo angathe kulimasula n'kupita nalo. Anawauza kuti ayi: sheya si lamba, si pisitoni. Ndi ufulu wokhala pa msonkhano ndi kulandira gawo la phindu chaka chikatha, ngati chigayo chikulira. Mukachimasula, mwamasula chanu chomwe. Ngolo zinabwerera zopanda kanthu dzuwa lisanalowe. Lero m'mawa amalume a Dyton apita okha kukachotsa loko uja, ndipo makiyi a chigayo awapereka m'manja mwa alamu awo atagwada, anthu akuona.

Ine ndili ndi mawu ambiri okhudza mwambo umene umakumbukira mphwake pa tsiku la maliro koma osamukumbukira pa tsiku logula dizilo. Koma lero ndiwameza. Ndingonena kuti ine ndilibe sheya ngakhale imodzi mu chigayo chija, ndipo sindikuifuna. Aliyense amene akufuna kuyambitsanso nkhaniyi m'dzina langa, adziwe kuti sindinamutume.

Malemuwa asiya mkazi wawo, mayi Nester, ana anayi, aamuna awiri ndi aakazi awiri, wamng'ono ali Sitandade 6, zidzukulu zitatu, alongo awo atatu, ndi mng'ono wawo mmodzi.

M'malo mwa banja ndikuthokoza madokotala ndi anamwino amene anayesetsa mbali yawo. Ndikuthokoza amayi a mpingo amene sanachoke pa siwa, adzukulu amene akonza nyumba yomaliza ya malemuwa, ndi asodzi a pa doko amene atipatsa ndiwo osawapempha. Ndikuthokoza abale athu a ku mzikiti chifukwa cha galimoto imene inanyamula thupi. Bambo Swaibu, inu mwasunga envulopu miyezi inayi osauza ngakhale akazi anu. Mulungu akusungeni chomwecho. Mayi Iness, takuonani mwakhala pambali pa mnzanu kuyambira Lachiwiri; zimene zinakuchitikirani sitingazibweze, koma dziwani kuti sizinapite pachabe. Amalume a Dyton, kubweza dzanja pamaso pa anthu si chinthu chapafupi. Zikomo.

Chidziwitso chomaliza ndi cha inu amayi amene munasiya matumba a mpunga m'chigayo imfayi isanachitike, ndipo mwakhala mukuopa kufunsa. A Alufandika alowamo lero m'mawa, ndipo ati onse alimo, aliyense ndi chizindikiro chake. Mayi Nester, amene tsopano ndiwo akutsogolera kampani, andituma kuti ndikuuzeni kuti masiku a maliro akatha, Lolemba la pa 31, injini ilira nthawi yake yomwe ija. Iwo sakupita kulikonse.

Amalume, akazi anu ayamba kukulirani bwino lero, opanda kucheukira kumsewu. Pitani, mukapume. Mzimu wa bambo Stefano Kapalamula uuse mu mtendere wa Ambuye.