Dzina la mdzukulu wanga ndi Masozi

Monire mose, moni nonse abale ndi alongo mwa Ambuye, kuyambira kwathu ku Wenya mpaka kulikonse kumene mawuwa akafike. Ine ndine mdala Kayira. Sukulu ndinalekera panjira, koma pakamwa panga palibe anatsekapo. Ndikuchitira umboni za mdzukulu wanga amene anatsala pang'ono kufa chifukwa cha nkhani ya dzina. Ndikulemba ndili wokwiya, ndipo musandiuze kuti ndiugwire mtima, chifukwa Mulungu amene anapulumutsa mwanayo akuudziwa mkwiyo wangawu.

Mwanayu anabadwa patangotha masiku anayi titaika mkazi wanga m'manda. Mkazi wanga anali Mlambya wa kufupi ndi Kaseye, dzina lake Nambeye. Kwawoko dzina limalankhula lokha: mwamuna ndi Simbeye, mlongo wake ndi Nambeye, ukangomva wadziwa kale khomo limene munthu wachokera. Ifenso Atumbuka dzina la mwana sititola pamsika. Amapereka ndi agogo a kuchimuna, ndipo limanena zimene zinali pakhomo nthawi imeneyo. Atandipatsa khandalo m'manja, maso anga anali asanaume. Ndinati uyu ndi Masozi, m'Chichewa misozi. Ndinkafuna kuti akadzakula adzafunse, ife tidzamuuze za agogo ake amene anasemphana nawo pakhomo, wina akutuluka wina akulowa.

Bambo wake ndi mwana wanga Wongani, amene amayendetsa njinga yamoto ya kabaza pa Boma. Zaka zisanu ndi chimodzi dzinalo silinamulume. Kenako kunabwera mneneri wina wa tenti, wa nsapato zosongoka, wochokera kaya kuti. Iyeyu anayamba kuphunzitsa kuti mayina a makolo ndi zingwe za satana. Suzgo, m'Chichewa vuto, asinthe, Chitima, m'Chichewa chisoni, asinthe, Masozi asinthe, onse akhale Mirako ndi Gifiti. Ine Chizungu sindidana nacho, koma tandiuzani, Mulungu wathu anayamba liti kumva Chizungu chokha?

Mvula ili pakati, mwana anadwala. Thupi moto, kusanza, chakudya osalola. Chipatala chili pafupi, mtunda woti ndi nkhalamba yomwe ingayende wapansi, koma Wongani anamutengera ku tenti. Mneneri anati si matenda, ndi dzina likuitana misozi, ndipo amene anapereka dzinalo ndiye wamanga mwanayo. Mwamva? Ine! Ine amene ndasenza njerwa za tchalitchi chathu pamutu pangapa! Kuno ku Chitipa mukudziwa zimene zimachitika nkhalamba ikalozedwa chala chotero, koma za nyumba yanga sindinaope. Chimene chikundiwawa mpaka lero n'chakuti masiku atatu anamugoneka mwanayo pamphasa m'tentimo, akumuthira mafuta pamutu ndi kumufuulira dzina latsopano, iye osayankha.

Anandiimbira foni mobisa ndi mpongozi wanga NyaGondwe, mayi wa mwanayo. Anati, "Adada, bwerani, m'manja mwa mwana mwayera ngati pepala." Khasu ndinalisiya m'munda momwemo, ndinayenda wapansi mpaka kumsewu, ndi kukwera lole ya matumba a chimanga.

Pamwamba pa matumbapo m'pamene ndinafooka, abale anga. Mawu oipa amalowa ngati chiswe. Ndinayamba kudzifunsa kuti kodi n'kutheka ndinamulodzadi mwana ndi pakamwa panga? Kodi chisoni changa ndinachisenzetsa khanda losalakwa? Ndinapemphera mokalipa mpaka anzanga apaulendo anasendera kutali. Ndinati Chiuta, munanditengera mkazi, ndinakhala chete. Ngati dzinali ndi tchimo, langani ine, mwana musiyeni. Ngati si tchimo, mundionetse poyera, Wongani akuona ndi maso ake.

Ku tenti ndinalowa osaodira. Mneneri anatambasula dzanja, ati agogo musamukhudze, mzimu uli pa ntchito. Ndinamuuza kuti iwe unabadwa ine ndili kale ndi imvi, choka. Wongani anandigwira mkono ndi kunena kuti, "Adada, mwamupha kale, mukufunanso chiyani?" Mwana wobereka ndekha! Sindinamumenye, ndipo ichonso ndi chisomo cha Mulungu. Ndinangoti, "Liza njinga yakoyo. Mwanayu akakafera kuchipatala, nyumba yanga udzaotche ndi manja ako." NyaGondwe sanadikire yankho la mwamuna wake. Anabereka mwana kumbuyo ndi kukwera, ine ndinatsatira pa njinga ina.

Kuchipatala tinapeza dokotala wamfupi, wolankhula Chichewa cha kumwera. Anayeza mwana ndi kunena kuti ndi malungo aakulu, magazi atha m'thupi. Atafunsa dzina loti alembe, Wongani anati Mirako. Ine ndinakuwa kuti Masozi, mpaka odwala onse anatembenuka. Nthawi yomweyo nesi analowa ndi kuitana dokotala uja kuti, "A Maliro, bedi lakonzeka."

Mukanamuona Wongani! Nkhope inagwa, anatambasula manja kuti anyamule mwana athawe naye. Dokotala sanasiye n'komwe kufunafuna mtsempha padzanja la mwanayo. Anati, "Eya achimwene, ndine Maliro. Amayi anga anaika ana anayi ine ndisanabadwe. Kwathu zikatero amapatsa mwana dzina lonyansa, kuti imfa ikamadutsa iganize kuti pano palibe chotola. Abale anga a mayina okoma aja ali kumanda, ine Maliro ndi uyu mukumuonayu. Mwana wanu analumidwa ndi udzudzu, osati ndi dzina. Pindani mkono wa shati, tikufuna magazi."

Ndinachita kukhala pansi pasimenti. Pa lole paja ndinapempha kuti andionetse poyera, ndipo Mulungu sanatume mngelo wa dzina lokoma. Pa madokotala onse a dziko lino, anasankha munthu wotchedwa Maliro kuti ndiye abweze mdzukulu wanga kuchoka ku maliro. Wongani anapinda shati. Anga magazi anawakana, ati ndakalamba, ndipo ndinakangana nawo, koma izo zilekeni.

Tsiku lachitatu m'mawa mwana anatsegula maso ndi kupempha tiyi. Nesi, pofuna kuona ngati mutu wabwerera, anamufunsa kuti dzina lako ndani mami. Bambo wake anali ataima kumiyendo kwa bedi. Mwana anayankha ndi kamawu kakang'ono kuti, "Ndine Masozi." Masiku atatu a mafuta ndi kufuula aja sanachotse kanthu.

Wongani sanandipepese ndi pakamwa, ndi mwana wanga, khosi lake ndi langa lomwe. Koma anasendera pafupi nane, maso ali pansi, ndi kunena kuti, "Adada, muuzeni za amama." Ndinakhala pambali pa bedi ndi kumuuza Masozi za Nambeye, mmene ankasekera, mmene anasokera kansalu ka khanda limene sanalione, kansalu komwe iye Masozi anafunda tsiku lobadwa. Amene analira kwambiri ndi bambo wake.

Ndikuthokoza Mulungu amene amamva ngakhale pemphero la munthu wokalipa. Ndikuthokoza a Maliro ndi manesi, ndi mpongozi wanga amene analimba mtima kuimba foni ija. Mneneri uja ndamva kuti anasamutsira tenti yake cha ku boda, ndipo mkwiyo wanga pa iye sunathe, chifukwa kumenekonso kuli ana a eni. Mundipempherere pa ichi, kukhululuka kukundivuta.

Inu amene muli m'mayesero, musataye mtima, limbikirani kupemphera, koma mwana akatentha thupi pempherani muli panjira ya kuchipatala. Ndipo inu a Suzgo, a Mavuto, a Chitima, musachite manyazi ndi mayina anu. Musanalole mlendo kukufufutirani dzina, pitani kaye mukafunse amene anakupatsani, akadali moyo, kuti pakhomo panali chiyani tsiku limene munabadwa.

Mdzukulu wanga ali sitandade wani tsopano. Pa kope lake analemba yekha ndi pensulo, zilembo zikuluzikulu zokhota ngati zanga: Masozi. Yewo chomene, zikomo kwambiri, Ambuye akudalitseni.