Tula Chona

Mu 1938 Gibson, khukhi amene anali atatha zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi mu Bulawayo osapitako kwawo, anatumidwa kukapimitsa chona wa Dona kwa dokotala wa ziweto, atachenjezedwa kuti chonayo akakandanso dokotala ngati chaka chatha, ntchito yatha. Dengu la chonayo anasenzetsa mlamu wake Jameson, wongofika kumene kuchokera ku Ntcheu, namusiya pakhonde kuti iye akapereke kalata. Potuluka anapeza dengu lili chitsegukire, mulibe kanthu.

"Alamu, chona uja?"

"Ndatula," anatero Jameson, atakhala mwaulemu pabenchi.

"Mwatani?"

"Munati akalira, tula, tula. Analira, ndinatula dengu pansi. Analirabe. Ndiye ndinati mwina mumanena chona mwiniwakeyo, ndinamutula m'dengumo."

"Ndinati thula. Thula, kukhala chete."

"Kwathu kutula n'kutsitsa katundu."

"Kwanuko n'kwathu komwe. Chinyanja ndinayamba kuyankhula inu musanamere mano."

"Kapena chinasintha mutachoka."

M'maganizo Gibson anaona kale chitupa chake chikusainidwa kuti ntchito yatha, iye akutsika wapansi ku Makokoba kumene ankakhala, kukauza mkazi wake kuti mlongo wake wamuchotsetsa ntchito.

"Manje simunamubambe bwanji?"

"Kumuwamba? Chona wa Dona? Pamoto?"

"Kubamba. Kugwira."

"Mukanangoti kugwira, alamu. Mawuwo alipo, sanathe."

"N'Chinyanja chomwecho, koma cha m'tauni."

"Oho. Nanga Manjeyo ndani?"

"Manje n'kuti tsopano. Musiyeni Manje. Chona wathawira kuti?"

"Sanathawe."

"Chabwino. Wapita kuti?"

"Sanapite."

Gibson anagwada. Anasuzumira pansi pa benchi, m'ngalande, kuseri kwa mgolo wa madzi, akuitana "pusi, pusi" ndi timawu tosongoka ta Dona. Mzungu wina amene ankadikira ndi galu wake anayang'ana kumbali.

"Mukufuna chiyani pansipo, alamu?"

"Ndikuzula bowa."

"Aa, nyengo yake si ino."

Pomwepo jekete la Jameson linayamba kung'ung'uza ngati sitima ili kutali. Pakati pa mabatani panatuluka khutu.

"Nthawi yonseyi ali mmenemo?"

"Analowa yekha. Inu mwandifunsa kumene wapita, simunandifunse kumene ali."

Dokotala anatsegula chitseko nakodola.

"Bweretsani kuno," anatero Gibson akusasa fumbi m'maondo. "Dona anatuma ine. Wolowa naye ndine."

"Akugona, alamu."

"Ndamudyetsa chiwindi zaka zisanu ndi ziwiri. Amandidziwa."

Ankamudziwadi. Gibson atangopisa dzanja, chona anamulemba mizere inayi kuyambira pachala mpaka pachigongono, nabwerera mkati mwa jekete. Gibson anavina pakhondepo akutukwana m'zinenero zitatu, galu uja n'kumamuthandiza. Dokotala analoza Jameson, kenaka chitseko. Analoza Gibson, kenaka benchi.

Gibson anakhala atatchera khutu, kudikira kukuwa kwa dokotala. Kunali zii. Patapita kanthawi Jameson anatuluka, jekete likung'ung'uzabe.

"Wapimidwa, alamu. M'kamwa, m'makutu, kumchira komwe. Sanakande munthu."

"Sanakande munthu?" Gibson anakweza mkono. "Nanga uwu ndi wa mbuzi? Bwererani mukawauze andipake mankhwala."

"Ndinawalozera pawindo, apukusa mutu." Jameson ananyamula dengu lopanda kanthu lija naliika pamiyendo pa mlamu wake. "Pano amapima chona, alamu. Mtchona sapima."