Khoti Silinagamule za Manda

Pamzere wa matekisi ku Fordsburg, ku Joni, m'chisanu cha 1987, a Suwedi anapezana ndi bambo wina wachilendo wolankhula Chichewa.

"Mwalawirira kuti, achimwene?" anafunsa bamboyo.

"Ku ofesi ya mgodi, kukafunsa komwe anaika mng'ono wanga Aufi, yemwe anafa pa ngozi ya kugwa kwa mgodi ija."

"Mukungodzivuta. Paja khoti linagamula chaka chatha kuti kampani isaulule za ngozi ija."

"Linagamula za chimene chinagwetsa mgodi. Ine ndikufunsa za manda."

"Kuno ku Joni akakana chimodzi, akana zonse."

"Ndiye akandikanize pamaso. Za manda palibe anaweruzapo."

"Nanga mukawapeza mandawo, mukamufukula?"

"Ayi. Amayi ku Machinga akungofuna kudziwa ngati anamugoneka mwa Chisilamu, moyang'ana ku Maka."