Anagulitsa Dimba Ife Tili ku Chiliza

Aulutsi, ndiwerengereniko nkhaniyi mokweza, mwina achimwene anga aimva kumene abisalako.

Ndine mayi wa ku Biriwiri. Bambo athu anakagwira ntchito kumigodi ya ku Joni, ndipo atamwalira anatisiyira dimba lalikulu m'mbali mwa mtsinje. Anafe tinalephera kumvana kagawidwe kake, nkhani n'kukafika kukhoti. Woweruza anatiuza tonse tili pomwepo kuti mpaka mlandu utagamulidwa, wina asayerekeze kugulitsa ngakhale mzere umodzi. Achimwene anavomera ndi pakamwa pawo.

Tsiku lomanga chiliza cha bambo, mtundu wonse unali kumanda. Achimwene anati, "Simenti yachepa, ndikagule ina." Mpaka tinabalalika, munthu osaoneka.

Sabata yotsatira ndinapita kudimba ndi mbande za kabichi, n'kupeza aganyu akugaula. Mwini golosale wina wa pa Mlangeni anandilonjera mwaulemu, nati, "Mayi, malo ano ndinagula. Achimwene anu anandiyendetsa m'malire Loweruka lija, akuti abale nonse munavomera."

Loweruka la chiliza! Ife tikuimba nyimbo pamanda, iwo akutsatsa thukuta la malemu omwewo!

Khoti lati kugulitsako n'kopanda mphamvu. Koma dimba latsekedwa, palibe wololedwa kulimamo. Mbande zanga zinauma, wogula uja akulira, achimwene anathawa.

Omvera anzanga, musanagule malo amasiye, yambani mwafufuza ngati alibe mlandu. Koma inu achimwene, manyazi mulibe? Chiliza chija chinatsala mbali imodzi osamata. Bambo akudikirabe simenti yanu.